Masewera Anga Omaliza, Ngati Neti Ipezeka

Lolemba

Ndaganiza. Ndikusiya tenesi.

Ndalemba, ndawerenga, denga silinagwe. Palibe amene akudziwa. Ba Tate ali panja ndi wailesi yawo. Ba Anti Tisa, mlongo wawo amene amasunga nyumba ino chimwalirire Amai, akukangana ndi nkhuku. Ine ndili pabedi langa laubwana, mapazi akutulukira kunja, bondo lakumanja lili papilo ngati mlendo wolemekezeka.

Chimene chandimaliza ndi mpikisano wa mwezi watha. Ndeke ziwiri ndi basi, kukagonja tsiku loyamba kwa kamtsikana kovala mawaya m'mano. Titatha, amayi ake anabwera kudzandipatsa moni. Akuti ife awiri tinasewerapo tili atsikana. Ndinawayang'anitsitsa. Zoona. Ndipo tsiku limenelonso ndinagonja.

Zimene ndapeza m'zaka zonsezi zoyendayenda ndi raketi:
- mapasipoti odzaza zidindo
- mbale imodzi yagalasi, ya mpikisano wa awiriawiri umene tinapambana ndi mnzanga Mutinta. Ba Anti amasungiramo mazira.
- kufunsa kumene kuli chimbudzi m'zinenero zambirimbiri
- bondo ili
- seti imodzi imene ndinalanda mtsikana wina amene masiku ano amaoneka pa TV. Masewerawo anapambana ndi iye, koma setiyo ndi yanga mpaka kumanda.

Nambala yanga pa mndandanda wa osewera a dziko lonse sinafikepo poti munthu n'kuitchula mokweza. Koma funsani mu Nangongwe muno. Ba Tate anauza aliyense, mpaka ogulitsa malasha: "Mwana wanga ni champiyoni. Ndeke kuli yeve ni minibasi chabe."

Ndipo sanandionepo ndikusewera. Ngakhale kamodzi! Ndili mwana, nthawi zonse anali pa shifiti ku njanji. Nditakula, masewera anga anali kutsidya kwa nyanja, m'mabwalo momwe oonerera anali ampaya woweruza masewerawo ndi munthu wosesa.

Ndiye pulani ndi iyi. Loweruka, pabwalo lakale la kalabu kuseri kwa mafakitale, pamene ndinaphunzirira. Masewera amodzi enieni, ine ndi Mutinta. Ba Tate pampando wa kutsogolo. Ndipambana (Mutinta amagwira ntchito ku banki ku Lusaka masiku ano, amvetsa). Kenako ndiima pa neti, ndilankhula mawu ochepa, ndithokoza, ndisiya ngati munthu.

Zofunika: bwalo, neti, mipira, Mutinta, bondo.

Ndamuimbira Mutinta. Foni imadukaduka, koma mawu ofunika ndawamva: "Nizabwela, mwandi, osada nkhawa."

Chimodzi chatheka. Zophweka izi!

Lachiwiri

Ndadzuka m'mamawa kuti ndithamange mpaka kubwalo. Ndathamanga mpaka pa shopu ya pakona. Kuchokera apo, minibasi.

Bwalo lilipo. Ndiyambe ndi zabwino: lilipo, ndipo malo ena ndi osalala.

Zimene ndapezapo:
- chinangwa choyanika pamasaka, mbali yonse ya kum'mawa
- mng'alu wautali pasimenti, m'menemo mwamera bonongwe wonenepa bwino. Wina amamuthirira.
- mbuzi
- mizati iwiri ya neti, pakati pake chingwe, pachingwepo matewera
- neti palibe

Ba Chanda akadali oyang'anira malowa. Ndi amene anandigwiritsa raketi koyamba, nthawi imene iwo ankagwira ntchito ku fakitale, madzulo n'kumasewera ndi mabwana. Tsitsi layera lonse, mimba yatsogola, koma mawu ndi omwe aja. Andiona ndili patali: "Ba champiyoni!" Mbuzi yathawa.

Za neti akuti: "Iliko, mayo. Ili chabe ku mtsinje."

Mlamu wawo ndi msodzi, anaibwereka kalekale. Akuti maso ake ndi aakulu, ndiye imagwira nsomba zikuluzikulu zokha, tiana timadutsa. Ba Chanda akundiuza zimenezi ngati ndiyenera kunyadira. Alonjeza kuti mawa ibwera.

Tasesa awirife mpaka dzuwa kutipirikitsa. Mayi wa chinangwa wavomera kuchotsa masaka ake Lachisanu. Mwini matewera wavomera, koma nkhope sinavomere. Mwini bonongwe sakudziwika.

Khoma lija likadalipo kumapeto kwa bwalo, mzere woyera ukuonekabe pang'ono. Pakhoma limeneli ndinathera ubwana wanga wonse. Ndatulutsa raketi, ndamenyapo mpira. Pho! Wabwerera. Pho! Wabwereranso. Khoma silinandiiwale, silinandifunse nambala yanga, silinabwere ndi amayi ake. Kwa kanthawi bondo linali chete, ndipo ndinayamba kuganiza kuti mwina ndafulumira, mwina chaka chimodzi chokha, mwina ndikapeza dokotala wabwino. Kenako ndathamangira mpira wina wopita kumanzere. Bondo layankha. Sindinafulumire.

Kunyumba ndawauza Ba Tate za Loweruka. Za masewera zokha, zinazo ayi. Atsitsa wailesi, andiyang'ana.

"Kuno ku Kafue?"

Kuno ku Kafue.

"Chabwino." Akwezanso wailesi.

Ba Anti anali pakhomo, akupeta nyemba. Ndawapempha kuti nkhaniyi ikhale ya pabanja. Agwedeza mutu mwamphamvu kwambiri. Sindinakukonde kugwedeza kumeneko.

Lachitatu

"Nauzako chabe bantu babili," akutero Ba Anti.

Anthu awiriwo ndi awa:
- kwaya yonse ya azimayi
- msika
- kondakitala wa minibasi, amene lero wandiitana kuti "ba intaneshono" n'kundikhazika kutsogolo
- azimayi a tomato ochokera ku Shimabala, amene akufunsa ngati kubwera azungu

Wina akuti wamva kuti kubwera a TV. Wina akuti wopambana apatsidwa ng'ombe. Mayi wina wandigwira dzanja pamsika, akuti mwana wake amakonda kwambiri masewera anga, ali ndi tebulo lake kusukulu. Sindinamukonze. Ndatopa kufotokoza kuti yanga si ya patebulo.

Ba Anti adzagulitsa vitumbuwa ndi munkoyo, thobwa la kuno, pachipata. Ayamba kale kuyeserera, ndipo wolawa ndine. Sabata ino ndinati ndidya ngati wamasewera: zipatso, mazira owiritsa, madzi ambiri. Ndadya vitumbuwa mpaka kusiya kuwerenga. Kenako nshima ya nsomba youma, chifukwa "champiyoni sangayime pa bantu na mafupa panja."

Nkhani ya siketi. Ndinachapa yoyera ija, yabwino kuposa zonse, ndinayanika kuseri. Ba Anti ainyamula ndi zala ziwiri.

"Aka ni kasiketi olo ni kachitambala? Kubwela badikoni, iwe!"

Ndafotokoza kuti dziko lonse timavala choncho. Akuti dziko lonse silipemphera nawo. Pofika masana asokerera chitenje m'munsi mwake. Tsopano ikufika m'mawondo, ili ndi atambala obiriwira kuzungulira. Ubwino wake, ikubisa bandeji.

Madzulo ndimati ndiyeserere pakhoma la nyumba. Zotsatira:
- Ba Tate akuti pulasitala ikugwera pa wailesi
- zingwe za raketi imodzi zaduka, twa! Makina omangira zingwe ali ku Lusaka. Yatsala raketi imodzi.
- galu wa aneba watenga mpira watsopano, wakalowa nawo pansi pa galimoto yakufa. Aneba akuti ndimusiye, sanasangalalepo chonchi.

Neti yafika! Yabwera panjinga, yokulungidwa ngati mtembo. Fungo lake ndinalimva isanakhote pakona. Ili ndi chibowo choti mwana angadutsepo, mamba ali mbuu, ndipo msodzi watumiza nsomba ziwiri ngati zikomo. Taiyanika pampanda. Amphaka onse a mu Nangongwe ali pamsonkhano panja.

Komabe: bwalo lilipo, neti ilipo, mipira yatsala, mawa Mutinta. Zikuyenda.

Lachinayi

Ndakamuchingamira Mutinta pa steshoni. Minibasi yaima. Choyamba kutsika ndi mimba, Mutinta akutsatira pambuyo.

Yaikulu! Ya masiku omaliza! Kondakitala wamugwira mkono ngati akutsitsa TV.

"Iwe, nenze kuganiza wanitanila chabe vokopa mafoto!" akutero Mutinta. Ndamufunsa chifukwa chake sanandiuze. "Sunanifunse. Elo foni yako imadukaduka."

Ndaseka mpaka kukhala pansi pa benchi, kenako ndapeza kuti sindikusekanso. Iye wakhala pambali panga, wagula chinangwa chowotcha, wandidikira.

Masana takhala pansi pa mtengo wa mango kuseri kwa nyumba, miyendo yake pa ndowa, mwendo wanga pa ndowa ina. Takumbutsana zakale. Chipinda chija cha bedi limodzi kumene tinkagona wina mutu uku wina uko. Mazira owiritsa m'ketulo ya tiyi. Tsiku limene katundu wathu anapita dziko lina, ife n'kusewera ndi nsapato zobwereka. Ndi mbale yagalasi ija: tonse tikudziwa kuti mmodzi mwa adani athu tsiku limenelo anali atatsekula m'mimba, koma sitinanenepo, ndipo lero sitinanenenso.

Ndamuuza kuti ndikusiya. Ndi munthu woyamba kumva ndi makutu. Ndimayembekeza kuti adabwa.

"Wachedwa," akutero, akutafuna. "Ine ninalila wiki imodzi. Manje nimagona bwino, nilibe na sutikesi pansi pa bedi."

Ndamufunsa kuti munthu amakhala ndani akasiya.

"Munthu wamene anali kuchaya tenesi. Si matenda."

Wavomera kukhala ampaya, bola pakhale mpando wa msana ndi chimbudzi pafupi.

Kusaka wosewera naye mu Kafue:
- aphunzitsi a masewera a ku sekondale: ya patebulo
- bambo wa pa shopu akuti ali ndi raketi. Ndi ija ya magetsi, yophera udzudzu.
- dokotala wina amene ankasewera, anasamuka
- Ba Chanda

Ba Chanda sanadikire kufunsidwa. Alowa m'kachipinda kawo, atuluka ndi raketi yamtengo yokutidwa mu pilokesi. "Nenze kuziba siku izafika."

Zaka zawo ndi zofanana ndi za Ba Tate. Ndavomera. Ndikanatani?

Chakumadzulo Mutinta waphunzitsa Ba Tate kawerengedwe ka tenesi, kuti Loweruka asasochere. Amvetsera ngati munthu wa ku njanji, chala m'mwamba.

"Fifitini. Sate. Fote? Nanga faifi yayenda kuti? Ku njanji sembe munthu bamupisha nchito."

Mutinta wawauza kuti amene alibe kanthu timati ali ndi lavu, chikondi.

Aganiza kanthawi. "Apo peve ni zoona."

Lachisanu

Tsiku lojambula mizere. Ndagula laimu, ndabwereka burashi, ndafika msanga.

Pabwalo pali tenti.

Si kakang'ono ayi. Yoyera, ya maluwa apulasitiki, amuna akukhoma zikhomo. Mawa pali kichini pate, phwando la azimayi lotsazikira mkwati. Ba Chanda anawalonjeza malowa kalekale. Akuti: "Nenze naibala, mayo. Mutu wakula."

Ndakambirana ndi Ba Matroni, oyendetsa phwandolo. Mayi wamtali, wa mawu otsika, wa mtundu uja wosakweza mawu chifukwa sanafunikirepo kutero. Ndasewerapo ndi akazi oopsa m'maiko ambiri. Sindinagonjepo msanga chonchi.

Pangano: ife m'mawa, iwo masana. Tenti siichoka. Yakhala kumbuyo kwa mbali imodzi, zingwe zake zikulowa m'bwalo. Amene ali mbali imeneyo asabwerere m'mbuyo, apo ayi agwera m'mipando ya akuchimuna. Ba Matroni atibwereka maikolofoni yawo kuti ndilankhulirepo pomaliza, "ngati mwasiliza pa taimu."

Mwini bonongwe wapezeka. Ndi Ba Chanda. Akana kumuzula. Mzere wa m'mbali ukufika pa bonongwe, ukukhota mwaulemu, ukupitiriza ulendo. Mizere ina yonse aijambula ndi maso, popanda chingwe. Ikuyenda ngati munthu wochokera kumowa. Mbali imene iwo asankha kuyambira ikuoneka yaing'ono kuposa yanga. Akuti ndi maso anga.

Neti taimanga. Chibowo tatseka ndi thumba la feteleza. Ntchentche zafika kale, zatenga malo abwino.

Bondo latupa ngati papaya. Malaiti apita, ndiye ayezi palibe. Ndalikulunga ndi thaulo lonyowa.

Ndikuyesa kukonza mawu a mawa. "Ba Tate, abale ndi alongo." Pamenepo ndaima. Vuto si bondo, si Ba Chanda, si tenti. Bambo uyu zaka zonsezi wakhala ndi chinthu chimodzi chonena akakhala ndi anzake. Anzake ali ndi ana manesi, madalaivala a malole, wina loya. Iye ali ndi champiyoni amene sanamuonepo. Mawa amuona, atavala atambala, akumenyana ndi nkhalamba, kenako amva kuti ngakhale zimenezo zatha. Adzanena chiyani pa benchi ya kutchalitchi? "Mwana wanga ali panyumba"?

Ndasuzumira pazenera. Akusita suti yawo ndi ayironi ya malasha, pang'onopang'ono, kolala mbali iyi, kolala mbali iyo. Sanaivale chiikire maliro a Amai.

Kumapiri kuli mitambo. Ba Anti akuti si ya mvula, ndi ya kutentha chabe.

Loweruka

Ndilemba mwadongosolo, mwina ndimvetsa.

Anthu abwera. Ambiri! Kuposa masewera anga onse kuphatikiza. Kwaya yavala yunifomu. Madikoni ali kutsogolo, ayang'ana siketi, akhutira. Azimayi a ku Shimabala afunsa za azungu, auzidwa kuti achedwa pa bodala. Vitumbuwa zikuyenda. Mutinta ali pampando pafupi ndi neti, ambulera kumanja, chimanga chowotcha kumanzere. Ba Tate mu suti, pakati penipeni, manja pamaondo.

Ba Chanda atuluka atavala zoyera zokhazokha, kabudula wa nthawi ya mabwana, lamba pamwamba pa mchombo. Anthu aimba nthungululu.

Ndayamba ine. Ndaponya mpira m'mwamba, ndamenya monga ndimamenyera. Wadutsa Ba Chanda asanakweze raketi. Wokongola! Sevu yabwino kuposa zonse za chaka chino. Ndadikira m'manja.

Zii.

Wachiwiri, chimodzimodzi. Kenako mawu a mayi wina kumbuyo: "Chifundo, iwe! Ni bakulu aba!"

Wina: "Bapaseko naiwo bamenye!"

Wina: "Ndiye vamene baphunzila ku vyalo vakunja, kusalemekeza."

Ndafewetsa. Ndayamba kuwapatsira mpira pamalo pomwe aima, ngati ndikuwapatsa mbale. Iwo osabweza chifundo. Amangoukankhira m'mwamba, m'mwamba kwambiri, kumbali ya tenti. Ndikabwerera m'mbuyo, chingwe. Ndikathamangira kutsogolo, bondo. Mpira wanga ukagwera pafupi ndi mzere uliwonse, iwo chala m'mwamba: "Auti!" Wina unagwera pakati penipeni pa bwalo. "Auti!" Ndayang'ana kwa ampaya. Ampaya wapita kuchimbudzi.

Mpira wina wagunda bonongwe n'kufera pomwepo. Wina wadutsa m'chibowo cha neti, thumba la feteleza n'kupita nawo, anthu akuti ndi chigoli. Nthawi iliyonse Ba Chanda akapeza pointi, kwaya ikuyambitsa nyimbo. Ba Anti, mlongo wa bambo anga enieni, akuvina ndi thireyi pamutu.

Ndipo chodabwitsa, pena pake ndayamba kusangalala. Sindikumbuka tsiku lomaliza limene ndinaseka ndili m'bwalo. Nkhalamba ikuwefuka, ikunama, ikuwala nkhope yonse. Ndi munthu yemweyu amene anandiuza ndili kamwana kuti ndiyang'ane mpira, osati anthu.

Ndiye ndayang'ana anthu. Mpando wa pakati uli wopanda munthu. Chipewa chokha.

Ndataya magemu awiri ndikuyang'ana mpandowo. Ndati mwina apita kuseri. Sanabwerere. Ba Chanda atsogola. Ndati basi, zachifundo zatha, ndimalize izi ndikawafune. Ndaponya mpira m'mwamba, dontho landigwera m'diso.

Mvula yoyamba ya chaka! Yosachenjeza, ya madontho ngati mtedza. Fungo la fumbi, kenako fungo la neti. Anthu onse thamangu m'tenti ya eni ake. Laimu wasungunuka, mizere yonse yayenderera kupita ku bonongwe ngati mkaka. Ine ndi Ba Chanda taima pakati, atambala anga akutuluka utoto wobiriwira m'miyendo.

Mutinta wakuwa ali m'tenti: "Gemu yaimisidwa! Bamene benze kutsogolo ni Ba Chanda!"

Awanyamula paphewa. Mvula ili pakati.

Maikolofoni? Ba Matroni ayang'ana wotchi, ayang'ana ine, ayamba kuyesa ng'oma. Amuna onse atulutsidwa. Mawu anga ndabwerera nawo m'thumba.

Ba Tate ndawapeza kunja kwa mpanda, kuseri kwa khoma lija, pansi pa mtengo, msana kubwalo. Suti yanyowa yonse. Tayenda limodzi mpaka pamsewu, ine ndikutsimphina, iwo atandinyamulira chikwama cha maraketi.

Lamulungu

Sindinapite kutchalitchi. Bondo lakana, nanenso sindinalikakamize. Ba Anti abwerako ndi nkhani: Ba Chanda anaitanidwa kutsogolo kukapereka umboni. Nangongwe yonse ikudziwa kuti champiyoni wa dziko lonse wagonja kwa munthu wa penshoni. Ba Chanda akuti akufuna tibwereze, koma mvula ikatha, ndiwo zawo zikakhwima.

Mutinta wabwerera ku Lusaka m'mawa. Akuti mwana anavina usiku wonse, ndipo akabadwa wamkazi sadzamugulira raketi.

Ba Tate nawonso sanapite. Akuti suti sinaume. Takhala pakhonde awiri, akusenda mtedza, wailesi yozima. Ndawafunsa chifukwa chake anachoka.

Asenda mtedza wina, ndi wina. Kenako:

"Pamene unaponya mpila mumwamba, ninanyamuka. Nenze kuona monga uzagwa, olo bazakuseka. Sininakwanise."

Akuti si koyamba. Ndili mtsikana, pa mpikisano wa ana ku Lusaka, anapempha tchuthi, anakwera sitima, anafika mpaka pachipata. Anamva ampaya akutchula dzina langa, koma sanalowe. Anaima kunja kwa mpanda mpaka kutha, n'kubwerera madzulo osandiuza. Mashifiti ena aja anali enieni. Ena ankachita kupempha.

"Koma nimamvela," akutero. "Mpila wako umalila mosiyana. Wa Chanda uli monga munthu amenya matilesi."

Zaka zonsezi ndinkaganiza kuti tenesi siiwakhudza, amangokonda mawu akuti champiyoni.

Kenako ndanena. Popanda neti, popanda maikolofoni, mtedza uli m'kamwa. Ndati Ba Tate, ndasiya. Sindipitanso.

Sanadzidzimuke. "Nenze naziba. Unabwela na masutikesi yonse, na kabulangeti kako ka mu ndeke."

Ndawafunsa zimene adzauza anzawo.

"Nizabauza ati wachita ritaya. Monga ine. Champiyoni sachosedwa nchito, amachita ritaya."

Apumira m'mwamba, nthawi yaitali, ngati munthu amene watula thumba la simenti. Akuti tsopano adzatha kumva ndeke ikudutsa popanda kupemphera.

Ndiye zatha choncho. Masewera anga omaliza: osamalizidwa, ndili kumbuyo, pabwalo lopanda mizere. Ndasewerapo abwino kuposa amenewa pamaso pa mipando yopanda anthu, ndipo palibe adzawakumbukire. Awa adzakambidwa mpaka ndidzakalambe.

Ba Anti ayeza kale chikwama cha maraketi. Akuti mukulowa mitu ya kabichi yokwanira, ndipo zingwe zake n'zabwino kumsana.

Mvula yayambanso. M'chipinda chochezera mukudontha, pamwamba penipeni pa mpando wa Ba Tate. Asuntha mpando, ayang'ana kudenga, ayang'ana ine.

"Mailo m'mamawa ukwele uone malata. Ndiwe wamasewela, elo ulibe nchito."

Ndawakumbutsa za bondo. Akuti makwerero andigwirira iwo eni.